Umanena Chatsitsa Dzaye: Malangizo kwa Achinyamata a ku Rumphi

Ana anga a ku Bolero, ku Hewe, ku Mhuju, ku Mlowe ndi inu a kumapiri a Aphoka, khalani pansi timvane. Boma lanu lili ndi mbiri yochuluka kuposa maboma ambiri m'dziko muno, ndipo pamene pachuluka mbiri mpamenenso nthano zimamera msanga. Sindinabwere kudzanyoza nthano ayi, pakuti mtundu wopanda nthano ndi wosauka. Chimene chikundiwawa mtima n'chakuti nkhani ikamayenda pakamwa ndi pakamwa imapepuka. Imataya anthu m'njira mpaka itsale ndi dzina limodzi la munthu wotchuka. Osula makasu, okumba misewu, amayi amene ukwati wawo unapezetsa mlendo malo, mabanja amene anasamutsidwa kwawo, onsewa sawatchulanso. Akulu anati kandimverere anakanena za m'maluwa, ndipo ambiri a ife mbiri ya kwathu timaidziwa mwa kandimverere.

Ndiyambe ndi nkhani yovuta kuikhudza, ya ufumu wa Chikulamayembe. Ndikuikhudza ndi ulemu wonse kwa Themba la Mathemba ndi mbumba yake, komanso kwa inu nonse amene mumasonkhana ku Bolero pa mwambo wa Gonapamuhanya. Nkhani imene ambiri tinakula tikuimva ndi yakuti Mlowoka anachokera kutsidya kwa nyanja, napeza Atumbuka osadziwa mtengo wa minyanga ya njovu, akungoikhalira ngati mipando. Akuti anawagawira nsalu, mikanda ndi makasu, kenako anakhazikitsa ufumu waukulu umene unalamulira Atumbuka onse kuyambira ku Songwe mpaka ku Dwangwa.

M'nkhaniyi muli zoona zambiri. Cha m'ma 1780 amalonda a minyanga anaolokadi nyanja n'kukocheza cha ku Chilumba, chifukwa misika ya kugombe la nyanja yamchere, monga ku Kilwa, inkafuna minyanga yambiri. Mlowoka anakhazikika m'chigwa cha Nkhamanga, ndipo ufumu wa Katumbi ku Hewe unachokeranso m'gulu la alendo omwewo. Koma funsani kuti anawapeza ndani. Anapeza mafuko okhazikika, a Luhanga, a Mkandawire, a Kumwenda ndi ena, lililonse ndi akuluakulu ake ndi malo ake. Anapeza chipembedzo cha Chikang'ombe chili kale ndi ansembe ake pafupi ndi mpata wa Njakwa, pamene mtsinje wa Rukuru umadutsa pakati pa mapiri. Chitsulonso sichinali chachilendo. Akatswiri ofukula zakale anapeza pa phiri la Phopo, kufupi ndi nyanja ya Kazuni, umboni wakuti anthu ankasungunula chitsulo kumeneko zaka zoposa 1,500 zapitazo, ndipo Aphoka anali odziwika ndi ng'anjo zawo ndi makasu awo. Anthu otere sanali mbuli zodikira mlendo kuti adzawatsegule m'maso. Mlowoka anapeza malo chifukwa anali wochenjera pa malonda, wowolowa manja pa mphatso, ndiponso anakwatira m'mafuko a eni dziko, makamaka kwa a Luhanga. Mlendo ndiye amabwera ndi kalumo kakuthwa, n'zoona, koma eni mudzi akamukana, kalumoko kamachita dzimbiri m'thumba.

Nanga za ufumu wa ku Songwe mpaka ku Dwangwa zinachokera kuti? Apa mpamene mwambi uja umagwira ntchito, wakuti umanena chatsitsa dzaye kuti njovu ithyoke mnyanga. Cha m'ma 1855 Angoni a M'mbelwa anatsika kuchokera kumpoto n'kudzamanga ku Ng'onga m'chigwa cha Henga, m'boma lanu lomweli. Ufumu wa Chikulamayembe unasweka. Anthu anagwidwa, ena anathawira kumapiri, ndipo Ahenga ambiri atalephera kuukira anakathera ku Karonga. Angoni analowa pansi pa ulamuliro wa Britain mu 1904, ndipo mu 1907 boma la atsamunda linavomereza Chilongozi Gondwe kukhala Chikulamayembe, patapita zaka zambiri mpando uli wopanda munthu.

Taganizani za mnyamata wa Chitumbuka amene waphunzira pa sukulu ya mishoni ku Khondowe m'zaka zimenezo. Makolo ake akhala zaka pafupifupi makumi asanu akutchedwa akapolo. Mngoni ali ndi mbiri yoti aimbe: mafumu ake, nkhondo zake, kuoloka Zambezi mu 1835. Iyeyo anena chiyani? Mmodzi mwa anyamata otere anali Saulos Nyirenda, kalaliki wa za matelegalamu, amene cha m'ma 1909 analemba mbiri ya Atumbuka yokweza Chikulamayembe pamwamba pa onse. M'mishoni T. Cullen Young anamasulira zolembazo n'kuzisindikiza mu 1931, ndipo mu 1932 anatulutsa buku lake la mbiri ya Atumbuka ndi Akamanga, lotsamira kwambiri pa mawu a Nyirenda ndi anzake. Mbusa Edward Bote Manda wa ku Livingstonia anamenyera nkhondo ufumuwo ndi mtima wake wonse. Nthawi yomweyo, mu 1933, atsamunda anakhazikitsa lamulo lolamulira kudzera mwa mafumu, ndiye kukula kwa dera la mfumu kunasanduka nkhani ya mabwalo a milandu, msonkho ndi mphamvu. Mfumu imene ikanaonetsa kuti makolo ake ankalamulira dziko lalikulu inali ndi poyambira pokambirana ndi bwanamkubwa.

Zimene zinalembedwazo zinalowa m'sukulu za mishoni, ana anapita nazo kumudzi, ndipo patapita m'badwo umodzi agogo anayamba kufotokozera adzukulu zimene zinachokera m'buku ngati kuti anazimva kwa makolo awo. Wolemba mbiri Leroy Vail atayenda m'midzi ya kuno akufunsa fuko ndi fuko, anasindikiza mu 1972 zimene anapeza, zoti mphamvu za Chikulamayembe zinali zazikulu pa malonda koma ulamuliro wake weniweni sunapitirire kwenikweni dera la Nkhamanga ndi oyandikana nalo. Alipo olemba mbiri amene amatsutsana naye pa zina, ndipo kutsutsana kotero ndi kwabwino, chifukwa aliyense amakakamizika kuonetsa umboni wake.

Sindikuti Nyirenda anali wabodza. Anali munthu wobwezera ulemu kwa anthu onyozedwa, ndipo galu wamkota sakandira pachabe. Ndikumvetsanso chifukwa chake nkhaniyi inagwira mizu kwambiri pambuyo pake. Mu 1968 msonkhano wa chipani cha Malawi Congress unachotsa Chitumbuka pa wailesi ndi m'sukulu, ndipo chinadzabwerera pa wailesi ya MBC mu 1994. Munthu amene walandidwa chilankhulo chake pagulu amakakamira chimene watsala nacho, ndipo ife olankhula Chichewa tiyenera kukumbukira zimenezi tisanatsegule pakamwa pa mbiri ya anzathu. Komabe, ana anga, ulemu womangidwa pa nkhani yokokomeza umagwedezeka tsiku limene wina wabwera ndi umboni. Mbiri yeniyeni ilibe chochititsa manyazi: ufumu umene unayamba ndi malonda, mphatso ndi ukwati m'malo mwa mkondo, unasweka, n'kudzukanso. Ndi mafumu angati m'dziko muno anganene zotere? Ndipo munaona nokha Themba Walter Gondwe atamwalira mu 2018, nkhani ya wolowa m'malo inakafika kukhoti, mbali iliyonse itanyamula mndandanda wake wa makolo. Mlandu suwola. Zimene mabanja sanalembe moona dzana ndi zimene zimagawa abale lero.

Tikwere ku Khondowe. Funsani ana a sukulu kuti anamanga Livingstonia ndani, ndipo ambiri adzayankha kuti David Livingstone. Livingstone anamwalira mu 1873 kwa Chitambo, m'dziko limene lero ndi Zambia. Mishoni yotchedwa dzina lake inayamba mu 1875 ku Cape Maclear, inasamukira ku Bandawe mu 1881 chifukwa cha malungo, ndipo Robert Laws anadzakhazikitsa sukulu ya pa Khondowe mu 1894, Livingstone atagona m'manda zaka 21. Cholakwika ichi n'chaching'ono ndipo mphunzitsi aliyense angachikonze m'mawa umodzi. Chachikulu ndi chija chakuti azungu anachita zonse okha.

Mu 1876 kunabwera alaliki anayi achikuda ochokera ku Lovedale ku South Africa. Mmodzi mwa iwo, William Koyi, ndiye anatsegula khomo la kwa Angoni, chifukwa ankamva chilankhulo chawo ndipo ankadziwa kukhala pabwalo la mfumu modekha pamene mzungu akanapsa mtima kapena kuthawa. Anamwalira ku Njuyu mu 1886. Msewu wa Gorodi, wokhotakhota uja wotsikira ku Chitimba, unatha cha m'ma 1905, ndipo anaukumba ndi makasu ndi mapiki ndi agogo a anthu a kuno komweko. Mapaipi a madzi ndi makina a magetsi anakwera phiri lija pamitu ndi pamapewa a anthu. Mutu umodzi susenza denga. Laws anali munthu wa khama lodabwitsa, dokotala, mmisiri, mphunzitsi, amene anatumikira m'dziko muno zaka zoposa 50 mpaka 1927, ndipo ndimamulemekeza. Koma mishoni yomweyo inali yochedwa kukhulupirira anthu amene inawaphunzitsa. Charles Domingo anamaliza maphunziro a ubusa, nadikira zaka ndi zaka osadzozedwa, mpaka anachoka. Abusa oyamba achikuda a mishoniyi, Yesaya Zerenji Mwasi, Hezekiah Tweya ndi Jonathan Chirwa, anadzozedwa mu 1914, patapita zaka pafupifupi 40 chiyambire mishoni, ndipo Mwasi naye anadzatuluka mu 1933 n'kuyambitsa mpingo wake.

Masiku ano ndikumvanso achinyamata ena akupita mbali inayo, akuti amishoni anali akazitape a atsamunda basi. Imeneyonso ndi nthano, yangovala malaya atsopano. Sukulu ya Overtoun ya pa Khondowe ija ndi imene inatulutsa Clements Kadalie, amene mu 1919 anayambitsa bungwe lalikulu la apantchito achikuda ku Cape Town. Mu March 1959, boma la atsamunda litalengeza kuti dziko lili pangozi, ndege inaponya uthenga ku Livingstonia wofunsa ngati azungu akufuna kuchotsedwa. Akuda ndi azungu anakhala pamodzi nayankha poyala njerwa pa kapinga pafupi ndi nyumba yotchedwa Stone House, zolemba dzina la vesi la Aefeso 2:14, kutanthauza kuti palibe amene akuthawa mnzake. Amene amati amishoni anali angelo alibe poika Domingo. Amene amati anali adani okhaokha alibe poika njerwa zija.

Pali nthano zina zimene zimapha, ndipo apa ndilankhula mwachidule koma molimba. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1950 ndi kuyambiriro kwa m'ma 1960, nchimi Chikanga wa ku Thete, m'boma lomwe lino, anatchuka mpaka ku Tanzania ndi ku Zambia. Anthu ankayenda masiku ambiri kudzayeretsedwa kwa iye, ndi chikhulupiriro chakuti ufiti utha. Zaka makumi awiri m'mbuyo mwake, m'ma 1930, a mchape anayendanso m'dziko muno ndi lonjezo lomwelo. Mchape unapita, Chikanga anapita, maliro sanathe, chifukwa malungo, chifuwa chachikulu, kuthamanga kwa magazi ndi mphenzi sizimva mankhwala otsirika. Gule wochiza wa Vimbuza ndi chuma chathu, ndipo bungwe la UNESCO linachizindikira mu 2005. Koma ngakhale guleyu si wachiyambire dziko monga ambiri amaganizira. Anafala m'zaka za m'ma 1800, nthawi ya nkhondo ndi ukapolo, ngati njira yoti anthu osweka mtima, makamaka amayi, atulutse zowawa zimene sakanatha kuzinena pabwalo. Ng'oma ikachiza wodwala ndi yabwino. Ikasanduka chala cholozera agogo kuti ndiwo adya mwana, yasiya ntchito yake. Ku Neno mu January 2016 okalamba anayi anaphedwa mtsikana atamwalira ndi mphenzi. Lamulo la 1911 limene likugwirabe ntchito limaletsa kunena munthu kuti ndi mfiti. Inu amene lero muli ndi mphamvu zonyamula mwala, imvi zikukudikirani. Chaona mnzako chapita, mawa chili kwa iwe.

Tsopano Nyika. Timapepala ta alendo timaionetsa ngati chipululu chimene phazi la munthu silinapondepo, dziko la mbidzi, ntchefu ndi maluwa okhaokha. Kukongola kwake palibe angakutsutse. Koma chithunzi cha dziko lopanda anthu chinajambulidwa ndi anthu, ndipo tikuwadziwa. Mu 1949 Laurens van der Post anatumidwa ndi bungwe la Colonial Development Corporation kukaona ngati phirilo lingapindulitse, ndipo buku lake la 1952, Venture to the Interior, linachititsa owerenga a ku Ulaya kuganiza kuti anakafika kumalo osadziwika. Chonsecho amishoni ndi akuluakulu a boma anali atadutsapo kale kuyambira m'ma 1890, ndipo amene ankawatsogolera m'njira ndi kuwanyamulira katundu anali eni malowo. Mitengo ya paini ya ku Chelinda, imene alendo amaijambula ngati nkhalango yachilengedwe, inabzalidwa m'ma 1950. M'phanga la Fingira akatswiri anapezamo zida za miyala, mafupa a anthu ndi zojambula pathanthwe za anthu amene anakhalako kalekale Atumbuka asanafike. M'zigwa za phirilo muli mabwinja a ng'anjo. Ku dziwe la Kaulime anthu ankapereka nsembe, ndipo nkhani ya njoka yaikulu yokhala m'menemo, kaya mukuikhulupirira kaya ayi, ikuchitira umboni chinthu chimodzi: panali anthu amene malowo anali opatulika kwa iwo. Wolemba mbiri John McCracken anafotokoza bwino mu 2006 mmene chithunzi cha Nyika yopanda anthu chinapangidwira, ndi mmene chinapwetekera Aphoka.

Chinawapweteka chifukwa dziko likatchedwa lopanda anthu, kuchotsamo anthu sikuonekanso ngati mlandu. Nyika inakhala malo otetezedwa oyamba a mtundu wake m'Malawi mu 1965, ndipo mu 1978 malire ake anakulitsidwa kwambiri mpaka kupitirira masikweya kilomita 3,000. Midzi inasamutsidwa. Anthu ozolowera kumtunda kozizira anatsitsidwira kumadera otentha kumene malungo anawagwira mwamphamvu. Anasiya manda a makolo, minda, ming'oma ya njuchi ndi malo opembedzera. Ku Vwaza nakonso anthu anachotsedwa m'zaka za m'ma 1970. Inali nthawi ya chipani chimodzi, ndipo wodandaula ankadziwa chimene chingamuonekere. Lero mdzukulu wa anthu amenewo akapezeka m'paki akufuna uchi kapena chinaka amatchedwa wakuba, pamene iye mumtima mwake akuti wapita kwawo. Madzi saiwala khwawa.

Musandimve molakwa. Nyika iyenera kutetezedwa. Mitsinje yambiri imene imathirira minda ya Henga ndi Nkhamanga imachokera kumeneko, ndipo kutentha tchire ndi kutchera misampha kukapitirira, oyamba kulira ndi alimi a m'munsi. Asilikali oteteza nyama ndi ana athu omwe, ndipo ntchito yawo ndi yolemetsa. Chimene ndikukana n'chakuti chitetezocho chitsamire pa nkhani yakuti kunalibe munthu. Woyang'anira paki amene amadziwa za 1978 amalankhula ndi mudzi mosiyana ndi amene amangodziwa za m'timapepala ta alendo, ndipo mudzi umene mbiri yake yavomerezedwa umamva msanga ukapemphedwa kusunga malamulo.

Ndiye mukamva nkhani ya kale, kaya pa mwambo, kaya pa guwa, kaya pa Facebook, ifunseni mafunso atatu: anayamba kuifotokoza ndani, inali nthawi yanji, ndipo yasiya ndani kunja? Safunsa anadya phula. Kufunsa si chipongwe, bola mufunse mutagwada ndi mawu ofatsa, ndipo musafunse mbali imodzi. Mukamva kwa a Gondwe, pitaninso kwa a Luhanga ndi a Mkandawire. Mukamva kwa abambo, khalaninso pamtondo ndi amayi, chifukwa mayina a amene anakwatiwa kuti ndi kubereka ndani amasungidwa kumeneko. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Inu amene muli pa University of Livingstonia ndi pa Mzuzu University, zolembedwa zakale zilipo ku Stone House ndi ku National Archives ku Zomba, ndipo zidzakudikirani. Amene sadzakudikirani ndi anthu. Amene anali ndi zaka khumi pamene midzi inkachotsedwa pa Nyika akuyandikira zaka 60 tsopano, ndipo amene anali akuluakulu nthawiyo atsala owerengeka. Foni imene ili m'thumba mwanuyo imajambula mawu. Pitani kwa iwo tchuthi chino, mupemphe chilolezo, muwafunse m'Chitumbuka dzina la mudzi umene anachokera, mtsinje umene ankatunga madzi, pamene pali manda, ndi amene anamwalira chaka choyamba atatsika. Lembani tsiku, malo ndi dzina la wolankhula, ndipo musakonze mawu awo kuti akome. Mukatero musungitse kope limodzi kwa mfumu ya m'mudzimo ndi lina ku laibulale ya sukulu yanu.